Mamailosi anayi a ku Malindi: momwe ufulu unayambira kutha m'dera la Chowe

Pa 30 Seputembala 1964, Malawi asanathe ngakhale miyezi itatu chilandirireni ufulu wodzilamulira, boma linatulutsa chikalata choletsa munthu mmodzi kuyenda. Munthuyo anali Henry Masauko Chipembere, amene masabata atatu m'mbuyomo anali nduna ya zamaphunziro. Chikalatacho chinamulamula kuti asapitirire mamailosi anayi kuchokera pakhomo pake ku Malindi, m'dera la Mfumu Chowe, kum'mawa kwa nyanja, m'boma la Mangochi, limene masiku amenewo linkatchedwa Fort Johnston. Palibe woweruza amene anamva mlandu wake, ndipotu palibe mlandu umene anamutsegulira. Siginecha yokha inakwanira.

Amene anafikako ku Malindi akudziwa kuti mamailosi anayi ndi malo ochepa. Kumadzulo kuli nyanja. Kum'mawa mapiri amayamba munthu asanatope n'kuyenda, ndipo amakwera mpaka ku nkhalango ya Namizimu ndi kumtunda kwa Namwera, kufupi ndi malire a Mozambique. Pakati pa madzi ndi mapiri pali kamzere ka mchenga, migwalangwa ndi milambe, midzi ya asodzi, mizikiti ya Ayao, ndi mishoni ya Anglican yokhala ndi chipatala cha St Martin's. Pa kamzere kameneka m'pamene boma la Amalawi eni ake linayesera zida zimene pambuyo pake linadzagwiritsa ntchito pa dziko lonse kwa zaka 30.

Chipembere sanali mlendo kundende. Anali mwana wa wansembe wa Anglican, Habil Chipembere, ndipo anabadwa mu 1930. Anaphunzira ku Blantyre Secondary School, ku Goromonzi ku Southern Rhodesia, kenako ku yunivesite ya Fort Hare ku South Africa. Mu 1956 iye ndi Kanyama Chiume analowa mu Nyumba ya Malamulo ya atsamunda, nayamba kufunsa mafunso amene azungu sanazolowere kumva pakamwa pa munthu wakuda. Boma litalengeza za chisokonezo pa 3 Malichi 1959, anatsekeredwa ku Gweru pamodzi ndi Dr Hastings Kamuzu Banda ndi Dunduzu Chisiza. Atangotuluka anamangidwanso mu 1961 pa mlandu woyambitsa kuukira boma, nakhala m'ndende ya Zomba mpaka kumayambiriro kwa 1963. Pa anthu amene analimbana ndi chitaganya, ochepa ndiwo anakondedwa ndi anthu wamba monga iye.

Koma mbiri yake ili ndi mbali ina imene omukonda sakonda kuitchula, ndipo siyenera kubisidwa. Chipembere anali mmodzi wa achinyamata amene anaitana Dr Banda kuti abwere kwawo mu Julayi 1958, ndipo anachita kumuuziratu kuti adzamukweza pamaso pa anthu ngati mpulumutsi. Anachitadi zimenezo. Pa misonkhano ankalankhula mawu aukali kwa aliyense wotsutsa chipani cha Malawi Congress. Chipani chitapatsa Banda utsogoleri wamuyaya wa chipanicho mu 1960, achinyamata ophunzirawa anaombera m'manja. Pa chisankho cha mu Epulo 1964 aphungu onse 50 a chipanichi analowa popanda wopikisana nawo, chifukwa amene anayesa kuyambitsa zipani zina anali atamenyedwa, kuwotcheredwa nyumba kapena kuthawa. Nduna zimene zinadzadandaula mu Seputembala kuti Banda sakumva za munthu zinali zitathandiza kutseka pakamwa anthu ena chaka chomwecho. Izi sizichepetsa nkhanza zimene zinadzawagwera. Zikungosonyeza kuti ufulu unayamba kung'ambika usanafike pa iwo.

Munthu woyamba kukana anali mzungu. Colin Cameron, loya wa ku Scotland amene anali nduna ya zomangamanga, anatula pansi udindo kumapeto kwa Julayi 1964, atamva kuti Banda akufuna kubwezeretsa lamulo lotsekera anthu popanda kuwazenga mlandu, lamulo lomwe lija linatsekera Banda mwini ku Gweru. Nduna zina zinali ndi madandaulo awonso. Sizinafune ubale ndi Apwitikizi a ku Mozambique ndi boma la tsankho la South Africa. Zinkafuna kuti dziko lilandire thandizo la China. Zinkaona kuti maudindo akuluakulu m'boma akuchedwa kuperekedwa kwa Amalawi, ndipo lipoti la Skinner lokhudza malipiro linali litakwiyitsa ogwira ntchito m'boma. Panalinso tiki, makobiri atatu amene boma linalamula kuti wodwala aliyense azilipira kuchipatala. Kwa mayi wa ku Malindi wobereka mwana wamalungo kumbuyo, tiki imeneyi inali nkhani yaikulu kuposa China. Pamwamba pa zonse, ndunazo zinatopa ndi kutchedwa "anyamata anga" pagulu.

Pa 7 Seputembala Banda anachotsa Chiume, Orton Chirwa, Augustine Bwanausi ndi Rose Chibambo. Yatuta Chisiza ndi Willie Chokani anatula okha maudindo. Chipembere anali ku Canada ku msonkhano wa zamaphunziro. Atafika anapeza Nyumba ya Malamulo ikukambirana zosonyeza kuti ikukhulupirirabe nduna yaikulu, Dr Banda, ndipo pa 9 Seputembala nayenso anatula udindo nakakhala pa mipando ya kumbuyo ndi anzake. Aphungu ankaimirira mmodzi ndi mmodzi kutamanda Ngwazi ndi kunyoza anthu amene dzulo lake ankawagwadira. Kumapeto kwa mweziwo ku Zomba kunabuka nkhondo ya zibonga pakati pa ogwira ntchito m'boma, amene ambiri anali kumbali ya nduna zochotsedwa, ndi achinyamata a chipani amene anabweretsedwa pa malole kuchokera kumaboma ena. Chikalata cha mamailosi anayi chinatuluka m'masiku amenewo.

Nduna zina zinathawira ku Zambia ndi ku Tanzania. Chipembere anakhala. Kumapeto kwa Okutobala anazemba pakhomo nalowa m'mapiri a kuseri kwa Malindi, ndipo kumeneko anayamba kusonkhanitsa anthu. Munali aphunzitsi, makalaliki a boma amene anathawa ku Zomba, asodzi, alimi, ndi ena amene anagwirapo usilikali. Boma linaika ndalama pa mutu wake, koma kwa miyezi yoposa itatu palibe amene anamupereka. Gulu la anthu silingakhale m'nkhalango nthawi ya dzinja popanda wolipatsa chakudya. Ufa, nsomba zouma ndi mauthenga zinkachokera m'midzi ya m'munsi mwa mapiri, ndipo boma linadziwa zimenezo. Mlandu wa anthu a kwa Chowe unayambira pa mbale ya nsima.

Chaka cha 1964 chisanathe, Nyumba ya Malamulo inasintha malamulo oyendetsera dziko kuti kutsekera munthu popanda kumuzenga mlandu kukhale kololedwa. Chimene Cameron anakana mu Julayi chinadutsa mosavuta.

Usiku wa pa 12 Febuluwale 1965, Chipembere anatsika m'mapiri ndi amuna pafupifupi 200. Analowa m'tauni ya Fort Johnston, analanda polisi ndi positi ofesi, anadula matelefoni, anatenga mfuti ndi zipolopolo. Pa chiwembuchi mkazi ndi mwana wa wapolisi wina anaphedwa, ndipo imfa ziwirizi siziyenera kuiwalika pofotokoza nkhaniyi, pakuti anthuwo analibe mlandu ndi wina aliyense. Kenaka gululo linakwera magalimoto kulowera kum'mwera. Cholinga chinali Zomba, likulu la dziko, kumene ankayembekezera kuti ogwira ntchito m'boma, ndipo mwina asilikali ndi apolisi ena, adzawalandira. Pa Liwonde panalibe njira ina yowolokera Shire ndi magalimoto koma pantoni. Atafika anapeza pantoniyo itamangidwa tsidya linalo. Kukucha asilikali a Malawi Rifles anafika kuchokera ku Zomba, ndipo gululo linabwerera n'kumwazikana m'tchire. Kuukira kumene kunakonzedwa miyezi yambiri kunatha usiku umodzi.

Chilango chake sichinathe msanga chotero. Asilikali, apolisi ndi apayoniya anadzaza boma la Fort Johnston. Midzi imene ankaiganizira kuti inadyetsa zigawenga inawotchedwa. Amuna ankagwidwa pagombe, m'minda ndi m'nyumba usiku, ndipo mawu akuti "chigawenga" anasanduka chidindo chimene munthu akamatidwa nacho sankachichotsanso. Wokangana ndi mnzake pa za malire a munda, pa za khoka kapena pa za mkazi, anapeza njira yachidule yothanirana naye: kungonong'oneza wapampando wa chipani kuti uje amapita kuphiri. Ambiri anathawira ku Mozambique, kumene nakonso nkhondo ya Frelimo ndi Apwitikizi inali itayamba ku Niassa, ndipo ena anapitirira mpaka ku Tanzania.

Chipembere ankadwala matenda a shuga, ndipo moyo wa m'tchire unamufooketsa. Mu Epulo 1965 anatulutsidwa m'dziko mwachinsinsi, mothandizidwa ndi Bwanamkubwa Glyn Jones ndi akazembe a America, napita ku California. Iye anadzanena pambuyo pake kuti analonjezedwa kuti omutsatira adzakhululukidwa. Chikhululukirocho sichinabwere. Anakakhala ku Tanzania kuyambira 1966 mpaka 1969, nabwereranso ku America kumene anaphunzitsa ku Los Angeles, ndipo anamwalira pa 24 Seputembala 1975 ali ndi zaka 45, osaionanso nyanja ya kwawo.

Otsala m'tchire anatsogoleredwa ndi Medson Silombela, amene anapitiriza kuchita ziwembu kwa akuluakulu a chipani mpaka anagwidwa kumapeto kwa 1965. Mlandu wake usanagamulidwe, Banda anali atauza kale anthu pa msonkhano kuti munthuyo adzapezeka wolakwa ndipo adzaonerera akulendewera. Silombela anapezekadi wolakwa pa mlandu wakupha, ndipo ananyongedwa ku ndende ya Zomba kumayambiriro kwa 1966 pamaso pa anthu oitanidwa. Kaya munthu aganize zotani za ntchito za Silombela, tsiku limene mtsogoleri wa dziko analengeza chigamulo woweruza asanatsegule pakamwa, makhoti a Malawi anadziwa malo awo.

Chofunika kuchimvetsa n'chakuti ulamuliro wankhanzawu sunabwere ndi akasinja monga zinkachitikira m'maiko ena a mu Africa zaka zimenezo. Unabwera ndi mabilu, owerengedwa katatu mu Nyumba ya Malamulo ku Zomba, aphungu atavala masuti. Unalowa monga chiswe chimalowera m'nsichi: kunja nyumba ikuoneka yoima, m'kati mitengo yatha. Mu 1965 malamulo a chitetezo cha dziko anapatsa boma mphamvu zosunga munthu kwa nthawi yosadziwika, pongoganiza kuti ndi woopsa. Tanthauzo la mlandu woukira boma linakulitsidwa, chilango chake n'kukhala imfa. Apayoniya anapatsidwa chitetezo chakuti wapolisi sangawamange popanda chilolezo cha akuluakulu awo, zimene zinatanthauza kuti mnyamata wovala yunifolomu ya chipani anali pamwamba pa wapolisi wa boma. Banda ananena poyera chaka chomwecho kuti ngati kusunga bata kudzafuna kuti atsekere anthu 10,000 kapena 100,000, adzatero.

Mu 1966 kunabwera lamulo lolanda katundu, Forfeiture Act. Nduna ikangolengeza mu gazeti ya boma kuti wakutiwakuti wachita zoononga chitetezo kapena chuma cha dziko, katundu wake ankatengedwa, ndipo sankaloledwa kukasuma kukhoti. Ambiri amakumbukira lamuloli chifukwa cha amwenye a masitolo ndi a Mboni za Yehova. Koma kulanda katundu kumapweteka mosiyana kunyanja. Khoka la msodzi si chuma cha munthu mmodzi. Limadyetsa eni ake, alovi amene amalikoka m'bandakucha, amayi amene amayanika usipa pa thandala, ndi ogula amene amanyamula madengu kukagulitsa kumtunda. Bwato labwino limafuna mtengo waukulu ndi mmisiri wosema masabata angapo. Mwini khoka akatengedwa, khoka n'kuwotchedwa kapena kugawidwa kwa ena, mabanja ambiri amagona ndi njala, ndipo munthuyo ngakhale atatuluka patapita zaka sapeza poyambira.

Ndiye panafika pa 6 Julayi 1966, tsiku limene Malawi anakhala lipabuliki. Malamulo oyendetsera dziko a 1964 anali ndi gawo lotchula ufulu wa munthu aliyense: ufulu wa moyo, wolankhula, wosonkhana, wopembedza, woweruzidwa mwachilungamo. Malamulo atsopano anachotsa gawo limeneli. Chifukwa chimene anapereka chinali chakuti gawo lotere limangoyambanitsa boma ndi makhoti. Anangosiya mawu ochepa akuti dziko likulemekeza mfundo za United Nations za ufulu wa anthu, mawu amene kwa zaka zambiri sanatulutse munthu m'ndende. Malamulo omwewo analengeza kuti chipani m'dziko muno n'chimodzi. Kuyambira tsiku limenelo munthu wa ku Malindi womangidwa popanda chifukwa analibe ndime yoti aloze, ngakhale akanapeza loya wolimba mtima.

Makhoti anatsala pang'ono, ndipo nawo anafikiridwa. Anthu ataphedwa motsatizana ku Chilobwe mu Blantyre, ndipo khoti lalikulu litamasula oganiziridwa ena chifukwa chosowa umboni, boma mu 1969 linapatsa makhoti a mafumu, otchedwa Traditional Courts, mphamvu zoweruza milandu yakupha, ndipo pambuyo pake youkira boma. M'makhoti amenewa loya sankaloledwa, oweruza ankasankhidwa ndi kuchotsedwa ndi pulezidenti, ndipo apilo sinkapita ku khoti lalikulu. Majaji anayi a ku Britain anatula pansi maudindo. Dzina la mwambo linagwiritsidwa ntchito molakwika pamenepa, chifukwa bwalo la mfumu ya Chiyao kapena ya Chinyanja limalola wolakwiridwa ndi woimbidwa mlandu kubwera ndi ankhoswe ndi abale owalankhulira. Mu 1971 Banda anakhala pulezidenti wamuyaya.

Chaka chomwecho cha 1971 ndicho chimene anthu a kwa Chowe sachiiwala. Mudzi wa Moto, m'mbali mwa nyanja, unali ndi mbiri yoti unkagwirizana ndi Chipembere. Patapita zaka zisanu ndi chimodzi chichokereni iye m'dziko, a chitetezo anauzinga mudziwo. Sanasankhe woganiziridwa mmodzi kapena khumi. Anatenga mudzi: amuna, amayi, nkhalamba ndi ana, anthu mazanamazana, n'kuwakweza m'malole. Nyumba zinagwetsedwa ndi kuwotchedwa, ziweto ndi zipangizo za usodzi zinapita. Ambiri anakatsekeredwa ku Dzaleka m'boma la Dowa, kumtunda kozizira kumene munthu wobadwira m'mphepete mwa nyanja sakuzolowera. Anakhala zaka osaonekera pamaso pa woweruza. Ena anafera komweko, ndipo ana anakulira m'kati mwa mpanda nthawi imene anzawo anali kusukulu.

Palibe lamulo la dziko lililonse lolemekeza chilungamo limene limalola kulanga mwana chifukwa cha maganizo a amalume ake. Koma mu 1971 panalibe nyuzipepala yoti ilembe za Moto, chifukwa zofalitsa nkhani zinali pansi pa diso la boma ndi chipani, ndipo bungwe lounika mabuku ndi zisudzo linali likugwira ntchito kuyambira 1968. Panalibe phungu woti aimirire n'kufunsa. Panalibe khoti. Zitseko zonse zimene anthu a ku Moto akanagogoda zinali zitatsekedwa chimodzichimodzi pakati pa 1964 ndi 1969, ndipo chilichonse chinkatsekedwa ndi chifukwa chomveka bwino m'makutu: bata, umodzi, chitukuko, kuthana ndi zigawenga.

M'midzi yotsala moyo unapitirira, koma ndi mantha. Ngodya zinayi, umodzi, kukhulupirika, kumvera ndi kusunga mwambo, ankaziloweza ana asukulu. Pakhomo la msika, pokwerera basi ndi pachipatala pankaima ayufi ovala malaya ofiira. Mayi wosenza dengu la utaka ankayamba watula, n'kumasula mfundo ya pa nsalu, n'kutulutsa khadi la chipani lopindikapindika, asanaloledwe kulowa kukagulitsa. Wopanda khadi ankabwezedwa kapena kukhazikidwa pansi padzuwa mpaka wina amugulire. A Mboni za Yehova, amene analetsedwa mu 1967 ndipo ankakana kugula khadi, anamenyedwa ndi kuthamangitsidwa m'midzi, ndipo mu 1972 zikwi zambiri zinathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Dzina la Chipembere silinkatchulidwa mokweza. Makolo ena anasiya kuuza ana awo chimene chinachitika, powopa kuti mwana angakabwereze kusukulu.

Malamulo amene anapangidwira zigawenga za ku Fort Johnston sanakhalitse ku Fort Johnston. Albert Muwalo, mlembi wamkulu wa chipani amene dzina lake linkanjenjemeretsa anthu, anaweruzidwa ndi khoti la mafumu nanyongedwa mu 1977. Aleke Banda, amene anali mlembi wamkulu wa chipani m'zaka zimene malamulowa ankapangidwa, anakhala m'ndende zaka 12 kuyambira 1980 osazengedwa mlandu. Orton Chirwa, loya woyamba wa Chimalawi, anagwidwa ndi mkazi wake Vera mu Disembala 1981, anaweruzidwa kuti aphedwe ndi khoti la mafumu mu 1983, ndipo anafera m'ndende ya Zomba mu Okutobala 1992. Mu Meyi 1983 nduna zitatu, Dick Matenje, Aaron Gadama ndi Twaibu Sangala, pamodzi ndi phungu David Chiwanga, anaphedwa ku Mwanza, boma n'kulengeza kuti inali ngozi ya galimoto. Machipisa Munthali anakhala m'ndende zaka 27. Ndipo gombe lomwelo la kum'mawa linaperekanso mwana wina: Jack Mapanje, wobadwira m'mudzi wa Kadango ku Mangochi, mphunzitsi wa ku Chancellor College, anamangidwa mu Seputembala 1987 nasungidwa ku Mikuyu mpaka Meyi 1991, osauzidwa mlandu wake.

Alipo amene amati zonsezi zinali mtengo wa bata, ndipo amaloza misewu, yunivesite, likulu la Lilongwe ndi chimanga chimene chinkapezeka ku Admarc. Zinthu zimenezo zinamangidwadi, ndipo palibe chifukwa chozikanira. Koma palibe msewu umene unafuna kuti ana a ku Moto akulire ku Dzaleka kuti umangike. Amene amawerengera phindu la zaka zimenezo nthawi zambiri si amene analipira.

Kusintha kunabwera mofulumira. Kalata ya maepiskopi a Katolika inawerengedwa m'matchalitchi pa 8 Malichi 1992. Chakufwa Chihana anamangidwa mu Epulo atangotsika ndege. Pa 14 Juni 1993 Amalawi pafupifupi awiri mwa atatu alionse anavotera matipate, ndipo Mangochi anali mwa maboma amene anakana chipani chimodzi mwamphamvu. Mu Disembala asilikali analanda zida za apayoniya. Pa 17 Meyi 1994 Bakili Muluzi anapambana chisankho. Catherine Chipembere, mkazi wamasiye wa Masauko, anabwera kwawo, nalowa mu Nyumba ya Malamulo, nakhala wachiwiri kwa nduna. Msewu waukulu wa pakati pa Blantyre ndi Limbe, umene unkatchedwa Kamuzu Highway, unapatsidwa dzina la Masauko Chipembere.

Amene analemba malamulo oyendetsera dziko a 1994 anali ndi mabala a zaka 30, ndipo zimaoneka m'zimene analemba. Mutu wachinayi unabwezeretsa ufulu wa munthu umene unachotsedwa mu 1966. Ndime 42 imati womangidwa auzidwe chifukwa chake m'chilankhulo chimene amamva, apeze loya, ndipo aonekere kukhoti pasanathe maola 48. Pulezidenti anaikidwa malire a materemu awiri. Msodzi wa ku Malindi lero ali ndi ndime yoti aloze.

Malamulo omwewo anakhazikitsa bwalo lapadera la chipukuta misozi, National Compensation Tribunal, loti limve madandaulo a onse ozunzidwa ndi boma lakale. Koma analetsanso ozunzidwawo kupita okha ku makhoti wamba asanadzere ku bwaloli, ndipo analipatsa moyo wa zaka khumi zokha. Anthu zikwizikwi analembetsa. Ena otchuka ndi odziwa njira za m'maofesi analandira msanga. Anthu a kumidzi ambiri analandira kandalama koyambira n'kuuzidwa kuti adikire zotsala. Bwalolo linatsekedwa mu 2004 mafayilo ambiri asanathe. Mu 2017 ofesi ya Ombudsman, motsogozedwa ndi Martha Chizuma, inatulutsa lipoti lotchedwa Malawi's Unhealed Wounds, lonena kuti boma linawalakwira anthuwa ndipo liyenera kumaliza kuwalipira. Pa za Banda mwini, khoti linamupeza wosalakwa pa mlandu wa ku Mwanza mu Disembala 1995, ndipo mu Januwale 1996 anapepesa mtundu wonse m'mawu osatchula mudzi kapena munthu. Palibe bungwe lofufuza zoona limene linakhazikitsidwa kuti limve mboni za ku Mangochi monga anachitira ku South Africa.

Chizolowezi chosema malamulo kuti akomere wolamulira sichinafe ndi chipani chimodzi. Ndime 64, imene inkalola anthu kuchotsa phungu wawo, inafafanizidwa ndi aphungu omwewo mu 1995. Nyumba ya Seneti, mmene mafumu ndi magulu ena akanakhala ndi mawu, inachotsedwa mu 2001 isanakhalepo n'kamodzi komwe. Mu Julayi 2002 bilu yochotsa malire a materemu a pulezidenti inalephera ndi mavoti atatu okha. Mu 2011 kunabwera malamulo opatsa nduna mphamvu zoletsa nyuzipepala ndi ochepetsa mphamvu za makhoti zoimitsa boma, ndipo pa zionetsero za pa 20 Julayi chaka chimenecho panafa anthu 20. Kusiyana kwake ndi 1965 n'kwakuti ulendo uno makhoti, mipingo ndi nyuzipepala zinalipo zoti zikane, ndipo malamulo oipawo anachotsedwa mu 2012.

Dzaleka lero ndi msasa wa anthu othawa kwawo, ndipo wakhala choncho kuyambira 1994. Banda ali ndi chiliza chachikulu ku Lilongwe. Chipembere ali ndi msewu. Anthu amene ananyamula ufa kupita kuphiri, amene anawotcheredwa nyumba mu 1965, ndi amene anakwezedwa m'malole ku Moto, maina awo sali m'buku la sukulu lililonse. Amene anali ana mu 1971 tsopano ndi agogo, ndipo chaka chilichonse ena amaikidwa m'manda ndi nkhani zawo. Aphunzitsi a mbiri m'sukulu za kwa Chowe, mashehe, ansembe a ku Malindi ndi achinyamata okhala ndi mafoni ojambula mawu angathe kuyamba ntchitoyi mawa, osadikira ndalama za boma: kukhala pansi ndi agogowa, kulemba maina a amene anatengedwa, amene anabwerera ndi amene anatsala ku Dowa. Boma nalo lili ndi ngongole imene linavomera lokha m'malamulo a 1994, ndipo liyenera kuibweza eni ake akadali ndi moyo.